Nyota za ku Area 30, khola la kwa Ndamera

Ng'ombe za kwa Ndamera zimabedwa pakati pa usiku, agalu omwe atalefuka ndi kutentha kwa m'chigwa. Mwini khola amadzuka m'bandakucha n'kupeza mipiringidzo ili pansi, ndowe zikadali zofunda, mapazi a ziweto ataloza kumene aliyense akudziwa. Kuno Mozambique sali kutali. Ali kuseri kwa mapiri chakumadzulo, ali patsogolo pa Marka chakumwera, alinso kutsidya kwa Shire. Ndipo wakuba ng'ombe sadzera pachipata kuti amudindire chiphaso.

Bambo uja amayamba wakagogoda kwa nyakwawa, kenako amadzutsa achitetezo cha m'mudzi, anyamata a zibonga ndi matochi. Dzuwa litakwera ndi pamene amakwera kabaza wa kupolisi. Kumeneko amapeza wapolisi wachinyamata, mwina wochokera ku Rumphi kapena ku Dedza, amene Chisena akuchiphunzira kumene. Amamulandira bwino, amatsegula buku lalikulu lija n'kulemba zonse: ng'ombe zingati, zamtundu wanji, nyanga zopindikira kuti, khutu lodulidwa mbali iti. Nkhani imadzavuta pa funso limodzi lokha, loti tikafika bwanji kumeneko. Galimoto ikakhalapo mafuta mulibe, mafuta akakhalapo galimoto yapita kwina. Pomafika masana ng'ombe zija zamwa kale madzi m'dziko lina.

Bambo ameneyu sanamuonepo mkulu wa apolisi m'dziko muno. Likulu la apolisi ku Area 30 mu Lilongwe lili pa mtunda wa makilomita pafupifupi 500 kuchokera pakhola pake. Koma njira imene munthu amadzera pokakhala pampando umenewo, ndi imene amadzera potsika, ndiyo imalamula kumene polisi yonse imayang'ana. Mbiri ya a Peter Mukhito ikuonetsa zimenezi momveka bwino kuposa ya wina aliyense.

A Mukhito anafika pamwamba kudzera kunyumba ya boma. Anali mkulu wa apolisi olondera Bingu wa Mutharika, ndipo mu 2009 Binguyo anawasankha kukhala mkulu wa apolisi onse, kulowa m'malo mwa a Oliver Kumbambe. Kulondera mtsogoleri wa dziko si ntchito yamasewera, ndipo palibe akunena kuti woigwira ndi wapolisi woperewera. Koma ndi ntchito imene imaphunzitsa munthu chinthu chimodzi usana ndi usiku: kuwerenga nkhope ya bwana ndi kuona aliyense woyandikira ngati chiopsezo. Munthu akachoka pamenepo n'kukakhala mutu wa apolisi a dziko lonse, diso limenelo salisiya pakhomo.

Zinaoneka pa 12 Febuluwale 2011. Tsiku limenelo a Mukhito anaitanitsa Dr Blessings Chinsinga, mphunzitsi wa maphunziro a ndale ku Chancellor College mu Zomba, kuti akafotokoze za chitsanzo chimene anapereka m'kalasi. Inali nthawi ya mizere italiitali m'malo omwetsera mafuta, ndalama zakunja zitasowa, ndipo mphunzitsiyo anayerekeza mavutowo ndi zimene zinadzutsa anthu ku Tunisia ndi ku Egypt. Aphunzitsi anzake sanachedwe kuona tanthauzo lake: ngati mawu a m'kalasi afika kwa mkulu wa apolisi, ndiye kuti pa mabenchi pali khutu la boma. Anaika choko pansi n'kunena kuti a Mukhito apepese. Bingu anayankha pagulu kuti kupepesa kulibe, ndipo anawayamikira mkuluyo kotheratu. Aphunzitsi anayi, a Chinsinga, a Jessie Kabwila, a Garton Kamchedzera ndi a Franz Amin, anachotsedwa ntchito, ndipo anabwezeretsedwa mu Okutobala. Ophunzira anataya miyezi pafupifupi 8 chifukwa cha mawu amodzi amene sanatuluke pakamwa.

Munthu wa kwa Ndamera akamva nkhani imeneyi amagwira pakamwa. Mkulu wa apolisi a dziko lonse anapeza nthawi yokhala pansi ndi mphunzitsi kukambirana za chitsanzo cha m'kalasi.

Chaka chomwecho chinali ndi zoopsa kuposa pamenepa. Pa 20 ndi 21 Julayi, pa zionetsero zokwiya ndi ulamuliro wa Bingu, anthu 20 anafa, ambiri a iwo ku Mzuzu, ndipo kafukufuku amene anachitika pambuyo pake anapeza kuti apolisi anagwiritsa ntchito mphamvu mopyola muyezo. Pa 24 Seputembala, Robert Chasowa, wophunzira wa ku Polytechnic amene ankadzudzula boma, anapezeka atafa pasukulupo. Apolisi anathamangira kunena kuti wadzipha. Gulu lofufuza limene linatsogoleredwa ndi woweruza Andrew Nyirenda mu 2012 linapeza kuti anachita kuphedwa.

Owaikira kumbuyo a Mukhito alipo, ndipo si bwino kuwatseka pakamwa. Iwo amati m'masiku amenewo mbava za mfuti zinkaopa, wapolisi ankaoneka pamsewu, ndipo munthu ankagona tulo. Ena mwa onena zimenezi ndi anthu wamba amene alibe khadi la chipani chilichonse. Koma ngakhale titawavomereza, funso likadalipo: mphamvu zimenezo zinkatumikira yani poyamba? Yankho linabwera Bingu atamwalira pa 5 Epulo 2012. Mayi Joyce Banda analumbira pa 7 Epulo, ndipo sabata isanathe a Mukhito anali atachotsedwa, pampando patakhala a Loti Dzonzi. Akuluakulu ankati ukakwera pamsana pa njovu usamati kunja kulibe mame. Njovu inagwa, wokwerayo anagwa nayo.

Kungoti nkhani ya a Mukhito sinathere m'mame. Peter Mutharika atapambana mu 2014 anawatenga kukhala mkulu woyang'anira nyumba za boma. Boma litasintha mu 2020, apolisi omwewo amene kale ankawachitira sawatcha anawamanga pa nkhani ya simenti yolowa m'dziko muno mosalipira msonkho. Kumangidwa si kupezeka wolakwa, ndipo zimenezo n'za kukhoti. Mu Ogasiti 2024 chipani cha DPP chinawasankha kukhala mlembi wamkulu, ndipo a Mutharika atabwerera m'boma pa chisankho cha pa 16 Seputembala 2025 anawapatsa unduna wa za chitetezo cha m'dziko. Uwu ndi unduna umene polisi ili pansi pake. Munthu anatulukira khomo lakumaso mu 2012 wabwerera kudzera padenga.

Palibe lamulo limene a Mukhito anaswa polowa ndale atavula yunifolomu. Ndi nzika ngati wina aliyense. Koma mnyamata amene akuphunzira zaupolisi ku Kanjedza kapena ku Mtakataka ali ndi maso, ndipo phunziro limene akutolapo ndi lomveka: nyota zimagwa kuchokera kunyumba ya boma, ndipo amene wakhulupirika kwa mwini nyumbayo, ngakhale atagwa, adzadzuka naye. Palibe chomuuza kuti kulondola mapazi a ng'ombe m'dambo la Ndindi, udzudzu ukumudya, kudzamufikitsa penapake. N'chifukwa chake kutumizidwa kuchigwa cha Shire ambiri amakuona ngati chilango, ndipo wofika kumene amayamba kuwerenga masiku a transifa katundu asanamasule.

Tiwerenge okhala pampandowu kuyambira 2009: a Mukhito, a Dzonzi, a Paul Kanyama, a Lexten Kachama, a Rodney Jose, a Duncan Mwapasa, a George Kainja, mayi Merlyne Yolamu. Anthu 8 m'zaka 16, ndipo palibe ngakhale mmodzi anakwanitsa zaka zisanu. Ena anapuma, ena anachoka pa zifukwa zawo, koma onani nthawi imene ambiri anatsikira. A Dzonzi anachoka miyezi yowerengeka a Mutharika atalowa mu 2014. A Mwapasa, amene nawonso anakhalapo mkulu wa olondera mtsogoleri, anachoka a Lazarus Chakwera atangolowa mu 2020. Mayi Yolamu anachoka a Mutharika atangobwerera mu 2025, ndipo m'malo mwawo munalowa a Richard Luhanga. Mpando uwu umasintha pamodzi ndi chithunzi chopachikidwa pakhoma m'maofesi a boma.

Chodabwitsa n'chakuti malamulo oyendetsera dziko lino sananene choncho. Gawo 154 limati mkulu wa apolisi amasankhidwa ndi mtsogoleri wa dziko ndipo amavomerezedwa ndi aphungu a Nyumba ya Malamulo. Limamupatsa zaka zisanu, ndipo limatchula zifukwa zomuchotsera: kulephera ntchito, kukondera kofika poti sangagwirenso ntchito mwachilungamo, kudwala kapena vuto lina lomulepheretsa, ndi kukwana zaka zopumira. Kusintha kwa boma mulibemo. Gawo 158 limawonjezera kuti wapolisi asagwiritse ntchito udindo wake pokometsa kapena kupondereza chipani. Amene analemba zimenezi mu 1994 anali ndi zipsera zatsopano, ndipo chimodzi mwa zipserazo ndi cha m'chigwa chomwechino.

David Chiwanga anali phungu wa ku Chikwawa. Mu Meyi 1983 iye ndi nduna zitatu, Dick Matenje, Aaron Gadama ndi Twaibu Sangala, anagwidwa ndi apolisi ku Zomba akuchokera ku Nyumba ya Malamulo. Anagonekedwa ku ndende ya Mikuyu, ndipo pa 18 Meyi anaphedwa ku Thambani m'boma la Mwanza, mitembo yawo n'kuikidwa m'galimoto kuti zioneke ngati ngozi. Wailesi inauza dziko kuti anali kuthawa. Mkulu wa apolisi nthawiyo anali a Mac Kamwana, Mmalawi woyamba kutsogolera polisi, amene anakhala pampandowo zaka zoposa khumi. Gulu lofufuza la woweruza Harry Mtegha litakhala pansi mu 1994, apolisi amene anagwira ntchito yonyansayo anafotokoza kuti lamulo linatsika kudzera kwa mkulu wawo. A Kamwana anali atamwalira kale, kotero sanayankhepo. Mu Disembala 1995 khoti linamasula Dr Kamuzu Banda, a John Tembo ndi anzawo, mwa zina chifukwa munthu amene akananena kumene lamulo linachokera anali kumanda. Anthu a ku Nsanje amakumbukiranso Gwanda Chakuamba, amene anamangidwa mu 1980 n'kutuluka mu 1993, zaka 13 zitapita.

Choncho kukhalitsa pampando pakokha si mankhwala. A Kamwana anakhalitsa. Anakhalitsa chifukwa amene anawaika anakhalitsanso. Nthenda ndi imodzimodzi ndi ya masiku ano, kungoti kale bwana anali mmodzi kwa zaka 30, pamene lero amasintha pa chisankho.

Aphungu nawo ali ndi mlandu wawo. Mu 2004 Bingu anasankha mayi Mary Nangwale, mayi woyamba kusankhidwa pa udindowu. Mu 2005 Nyumba ya Malamulo inawakana, pa nthawi imene Bingu anali atangochoka mu UDF n'kuyambitsa DPP, Nyumbayo itagawanika ndi mkwiyo. Amene anatsatira mtsutsowo amadziwa kuti njovu zinali kumenyana ndipo mayiwo anali udzu. Panapita zaka 17 kuti mayi wina, a Yolamu, avomerezedwe mu 2022. Mphamvu yovomereza imene malamulo anapereka kwa aphungu inali yoti azifunsa ngati munthu angathe ntchito. Iwo amaigwiritsa ntchito powerengana kuti mbali iti ili ndi manja ambiri.

Nanga polisi ikamayang'ana kumtunda, kuno kumachitika zotani? Mu Marichi 2016 anthu 7 anatenthedwa m'boma la Nsanje atawaganizira kuti anali ndi mafupa a anthu, nthawi imene kuphedwa kwa anthu achialubino kunali kutagwedeza dziko. Kunali kupha, ndipo palibe chifukwa chokometsera. Koma gulu la anthu silifika potola mafuta ndi machesi ngati likukhulupirira kuti womuganizirayo akaperekedwa kupolisi mlandu ukayenda. Chaka chotsatira mphekesera za anamapopa zinabuka ku Mulanje ndi Phalombe n'kufalikira mpaka ku Nsanje, ndipo anthu osachepera 8 anaphedwa m'chigawo cha kumwera. Mphekesera yotere imamera pamene anthu alibe munthu wa boma amene mawu ake angawakhulupirire usiku.

Nkhani ya Eric Aniva, amene ankagwira ntchito ya fisi, ikuonetsa mbali ina. Mwambo wa fisi sunali chinsinsi ku Nsanje. Mafumu, amipingo ndi mabungwe ankaukamba kwa zaka. Koma mu Julayi 2016 wailesi ya BBC itaulutsa zimene mkuluyo ananena yekha, mtsogoleri wa dziko analamula kuti amangidwe, ndipo anamangidwadi m'masiku ochepa. Pofika Novembala anali atalamulidwa kukhala kundende zaka ziwiri. Apa mafuta anapezeka. Polisi yathu si yolumala ayi, imathamanga kwambiri. Kungoti imadikira kuti liwu lichokere kumwamba.

Mtengo wa khalidweli amaulipiranso apolisi eni ake. Pa 8 Okutobala 2019 wapolisi Usumani Imedi anaphedwa ndi miyala kwa Msundwe pa nthawi ya mkangano wa zisankho. Zimene zinatsatira m'midzi ya kwa Msundwe, Mpingu ndi M'bwatalika zinafika kukhoti lalikulu, limene mu Ogasiti 2020 linalamula kuti amayi ndi atsikana 18 amene anagwiriridwa ndi kuzunzidwa ndi apolisi apatsidwe chipukuta misozi. M'miyezi imeneyo anthu ochita zionetsero ankaombera m'manja asilikali a nkhondo n'kumagenda apolisi. Dziko limene nzika zake zimathawira kwa msilikali poopa wapolisi lasokoneza ntchito za awiriwa.

Ena amati mtsogoleri watsopano sangagone tulo ngati mfuti za polisi zili m'manja mwa munthu wa mnzake amene wamugonjetsa. Mfundoyi si yopusa. Ngati mkulu wa apolisi analidi wa chipani, womulandira ali ndi chifukwa chomuopera. Koma taonani mmene gudumu limazungulirira: amachotsa munthu wa mnzake n'kuikapo wake, podziwa kuti wobwera pambuyo adzachitanso chimodzimodzi, ndipo woikidwayo, podziwa kuti moyo wake wa pantchito wamangiriridwa ku chisankho, amayamba kugwirira ntchito chisankhocho. Aliyense amati wayamba ndi mnzake.

Kuchotsa munthu potchula chifukwa n'kotheka. Pa 21 Juni 2022 a Chakwera anachotsa a Kainja pamaso pa dziko lonse, ponena za lipoti la bungwe lothana ndi ziphuphu la ACB pa nkhani ya wamalonda Zuneth Sattar. Kaya mlanduwo unali ndi mutu kapena ayi, n'za oweruza. Koma Amalawi anauzidwa chifukwa, ndipo akanatha kuchiyeza. Kawirikawiri zimene timalandira ndi kalata ya mizere itatu yochokera ku ofesi ya mlembi wamkulu wa boma, yonena kuti kusinthaku kwayamba kugwira ntchito nthawi yomweyo.

Ku Kenya anayesa kumanga mpandowu ndi lamulo. Malamulo awo a 2010 amapatsa mkulu wa apolisi zaka zinayi zosawonjezera, kuti asagwade pofuna chigawo chachiwiri. Komabe mu Juni 2024 apolisi anapha achinyamata ochita zionetsero mu Nairobi, ndipo mkulu wawo Japhet Koome anatula pansi udindo mwezi wotsatira. Pepala lokha silisintha wapolisi. Ifenso tili ndi chitsanzo chathu: lamulo la apolisi la 2010 linakhazikitsa bungwe loima palokha lolandira madandaulo okhudza apolisi, koma panatha zaka pafupifupi khumi bungwelo lisanayambe ntchito. Maboma atatu anadutsa osaona changu chake.

Ngakhale zili choncho, pali zinthu zimene zingachitike popanda kudikira kuti mitima ya andale isinthe. Mtsogoleri akafuna kuchotsa mkulu wa apolisi zaka zisanu zisanakwane, atchule chifukwa chimodzi mwa zinayi zija, molemba, ndipo komiti ya aphungu yoona za maudindo imuitane wochotsedwayo adzayankhe. Munthu amene wakhala pampandowu adikire zaka zingapo asanatenge udindo m'chipani, monga mmene mkamwini sathamangira kukwatira kwina maliro a mkazi wake asanasesedwe. Ndipo pomuvomereza, aphungu asiye kufunsana za chigawo chimene akuchokera. Phungu wa kumwera kwa Nsanje aimirire afunse kuti bwanayo anagwirapo ntchito zaka zingati kumudzi, anagonapo kangati m'nyumba ya polisi yodontha, ndipo ndalama za mafuta zimagawidwa bwanji pakati pa magalimoto operekeza akuluakulu ndi polisi ya kumalire.

Pakuti ntchito kuno ikukula, sikuchepa. Madzi osefukira a 2015, namondwe Idai mu 2019, Ana mu 2022 ndi Freddy mu 2023 anasonkhanitsa anthu m'misasa, mmene ufa wa chithandizo umasowa ndipo atsikana amafunika wowateteza. Mu Disembala 2024 anthu zikwizikwi anawoloka kuchokera ku Mozambique kuthawa ziwawa za chisankho, n'kudzaza malo onga Nyamithuthu, amene akuluakulu amawakumbukira kuyambira nthawi ya nkhondo ya Renamo ndi Frelimo. Njanji yochokera ku Beira yayambanso kufika pa Marka, ndipo kumene kwafika katundu ndi ndalama, akuba ndi ozembetsa safuna kuitanidwa. Zonsezi zimagwera wapolisi wachinyamata uja ndi buku lake, pamodzi ndi anyamata a zibonga amene salandira kanthu. Upolisi wa m'madera, umene unayamba m'zaka za m'ma 1990, ndiwo wagwira midzi yambiri, koma wagwira chifukwa cha kudzipereka kwa anthu osauka, osati chifukwa choti aliyense anakwezedwapo nyota pouyendetsa bwino.

A Luhanga anasankhidwa mu Okutobala 2025, ndipo nduna imene akugwira nayo ntchito ndi munthu amene anakhalapo pampando womwewo, amene akudziwa kukoma kwake ndi mmene umagwetsera. Gawo 154 likatsatidwa, zaka zawo zisanu zidzatha chakumapeto kwa 2030. Chisankho chotsatira chidzachitika mu Seputembala chaka chomwecho.